Mawu a Achimwene Ali Kuno

Sublette, Kansas
14 Juni

Amayi anga okondedwa,

Landirani moni wochokera kutali kuno. Muli bwanji kwathu ku Chihuahua? Miyendo ija yasiya kutupa? Ine m'thupi ndili bwino, ndikupitabe kuntchito yanga yotsuka mbale, koma mtima sunakhazikike chiikireni achimwene a Diedrich m'manda.

Pafoni ndinalephera kufotokoza, mukundidziwa. Tsiku lija anapita kukajambula kamvuluvulu ndi mnzawo Dusty, amene ankawayendetsa pagalimoto. Mvula inabisa chimphepocho, ndipo msewu woti athawire unali matope okhaokha. Chinawapeza pomwepo. Dusty anapulumuka, anangothyoka mwendo.

Pamaliro panadzaza anzawo osaka anamondwe, ndi magalimoto awo aja ong'aluka magalasi ndi matalala. Wakwathu ndinali ndekha. Bambo sindikuwaimba mlandu. Ndikukumbuka zomwe ananena achimwene atagula kamera, zoti mpingo wathu sulola zithunzi ndipo iwo mwana wojambula alibe.

Sabata yatha Dusty anabwera akuyendera ndodo, n'kundisiyira makanema onse a achimwene. Anandiseka poona ndikutseka makatani ndisanayatse, ati ndikuchita ngati mwana woba shuga. Kenaka amene analira ndi iyeyo. Akuti achimwene ankamunena kuti amayendetsa ngati ng'ombe ya bere, ndipo pano akulakalaka wina atamunyozanso choncho.

Amayi, ndaonera onse. Ndimafunafuna nkhope yawo, poti chithunzi chawo tilibe ngakhale chimodzi. Mulibemo. Zaka zonsezi kamera inkangoloza kumwamba: mitambo, mphezi, madenga akuuluka. Eniake anali kuseri.

Koma mawu alimo. Amaseka, amakalipira Dusty, ndipo mphepo ikayandikira amasiya Chingerezi n'kuyamba kuimba chapansipansi m'chilankhulo chathu. Ndi nyimbo ija bambo amayambitsa tikatha kudya Lamulungu. Dusty ankayesa kuti akutukwana mphepo. Achimwene saphonya ndime, ndipo amakoka mawu pomwe paja bambo amakokera.

Pempho langa ndi limodzi. Ine kuwafunsa bambo sindingathe. Muwafunse ndinu, atadya kale, ngati mawu a munthu nawonso ali chithunzi. Akati si chithunzi, ndidzabwera nawo pa Khirisimasi. Kanemayo ndidzamuphimba ndi nsalu, sadzaona kalikonse, adzangomva basi. Paja chibale n'fupa, sichiola. Koma akakana musandibisire. Ndidzawasunga konkuno, ndizimvera ndekha.

Mundiperekere moni kwa azakhali a Susana, kwa mng'ono wanga Liese, ndi kwa alamu ndi ana awo. Bambo ndawapatsa moni mwaulemu. Zinazi zikakukanikani kunena, mungowauza kuti mwana wawo uja nyimbo sanaiwale.

Tsalani bwino, amayi.

Ndine mwana wanu,
Aganetha