Funso la ba Phiri pamsika

Lachinayi, Okutobala. Kwatentha, ndipo mtima wanga wakhala uli m'mwamba tsiku lonse.

Lero ndayendetsa azungu atatu amene akufuna kugula fakitale yathu yotsekedwa ija. Amafuna kulawa zakudya za mumsewu. Anadya chikanda, chakudya cha mizu ndi nsinjiro, kwa mayi wa Chibemba, kenako nsomba zokazinga za Atonga kufupi ndi siteshoni.

Tinafika kwa ba Phiri, kapitawo wanga wakale, amene tsopano amawotcha chimanga. Sanamwetulire. Anatembenukira kwa ine nati:

"Afunseni, ba Tembo. Akagula, adzatibwezera pantchito?"

Ndinamasulira mawu onse. Wamkulu wa azunguwo anangoyamikira chimangacho, n'kupitiriza kutafuna.

Ba Phiri anandiyang'anitsitsa, akudikira yankho, koma ndinalibe choti ndimasulire. Mawa ndidutsanso pomwepo, ndipo akadzandiitana n'kundifunsanso…