Timitengo ta Alamu Tadyedwa ndi Mbuzi

Achimwene,

Landirani moni wanga. Kuno ku Mtakataka tili bwino, kungoti amayi miyendo ikuwavutabe.

Alamu aja, amuna a malemu Esinati, tinawasudzula Loweruka. Mukudziwa mmene ankaukondera mtengo wa ambarela umene anabzala ndi mkazi wawo. Chimwalirire Esinati, akhala akudula nthambi zake n'kumazizika m'machubu, kuthirira mpaka zinaphuka. Tsiku lonyamuka ndinawapeza akumangirira machubuwo panjinga.

Ndinati, "Alamu, dothi lili m'machubumo ndi lakwanu?"

Anagwada pansi, munthu waimvi, amvekere, "Mlamu, ndipatseniko kamtengo kamodzi kokha, ndizikumbukirapo mkazi wanga."

Ndinawauza kuti mkamwini amabwera ndi khasu, pochoka amatenganso khasu lomwelo basi. Machubu onse ndinakawakhuthulira m'khola, mbuzi n'kudya masamba iwo akuona. Ana awo atayamba kulira ndinawatsekera m'nyumba, paja ana ndi athu. Bambowo analunjika msewu wa ku Golomoti akukankha njinga yopanda kanthu.

Akakuimbirani foni kudandaula, musawayankhe. Munditumizireko nsapato zovala kutchalitchi, zakale zija zang'ambika. Mulungu akusungeni ku Joniko.

Ndine mlongo wanu,
Aginesi