Anandifunsa Kamodzi Kokha

Lamlungu, 1 Okutobala

Ndangofika kumene kuchokera ku Drumshanbo kwa amalume Malachy. Loweruka likubwerali akukalowa kunyumba yosungirako okalamba. Agwanso pamasitepe, ndipo adokotala anena kuti zokhala okha zatha. Nyumba igulitsidwa. Fintan, mwana wawo mmodzi yekhayo, ntchito yamugwira ku Rotterdam, ku Holland, mpaka Lachisanu, ndiye watumiza mkazi wake Marijke kuti adzalongedze. Mdatchi wamtali ngati chitseko, wosadziwa kukhala pansi. Khitchini yonse ili kale m'makatoni.

Tili pa tiyi awiri, mlamu wangayo anangoti, "Eithne, mabuku aja ukuwafuna?"

Mabuku aja! Ngati akunena za nsapato zakutha. Makoma awiri a pabalaza, kuyambira pansi mpaka kudenga. Kumanja kwa moto kuli olemba amene amati pangano la 1921 la dziko lathu la Ireland ndi Angelezi linali nzeru. Kumanzere kuli amene amati kunali kugulitsa dziko. Amalume anawalekanitsa dala, amati akawasakaniza nkhondo yapachiweniweni iyambiranso m'nyumba mwawo momwe. Ine kuwerenga ndinaphunzirira pansi pa mashelefu amenewo, ndili chafufumimba pamkeka. Ndawasirira moyo wanga wonse.

Ndiye ndinayankha monga anandilerera amayi: "Aa, iyayi, sindingatero ine. Ndi a Fintan amenewo. Ndiponso malo ndilibe."

Iye: "Chabwino." Nkunyamuka kukatsuka makapu.

Chabwino?

Ndinatsala pampando, kapu ili m'manja, kudikira kuti afunsenso. Sanafunse. Mwina watopa. Afunsa mawa.

Lolemba, 2 Okutobala

Sanafunse. Foni yakhala zii tsiku lonse, kupatula bambo wina wofuna kundigulitsa mawindo.

Kodi ku Holland kumeneko amaleredwa ndi ndani? Mwana aliyense kuno amadziwa. Akakupatsa chinthu umakana. Akakukakamiza umakananso, koma mofewa. Kachitatu ndi pamene umati, "Chabwino, poti mwalimbikira." Ngakhale kachidutswa ka keke kamayenda njira yomweyo. Nanji mabuku amene munthu wasonkhanitsa moyo wake wonse! Ndikanangoti "inde" ngati khwangwala woona nyama, mwini wake akali moyo chipinda chinacho?

Kusukulu ndimaphunzitsa ana za eni minda achingelezi a kale aja. Ndimawauza kuti mlimi akakonza denga kapena kupaka khoma laimu, mwini malo ankamukwezera lendi, ndiye anthu anaphunzira kusaonetsa kuti ali ndi kanthu kapena kuti akufuna kanthu. Ndili pakati pa chiganizo ndinaganiza: mwina kukana kwathu kunachokera kumeneko. Kenaka ndinadziseka. Taonani, ndayamba kale kuimba mlandu atsamunda pa kupusa kwanga kwa dzulo. Ntchito ya madigiri awiri ndi imeneyi.

Lachiwiri, 3 Okutobala

Zii. Ndayeza khoma la chipinda cha alendo. Angakwane nditachotsa bedi.

Lachitatu, 4 Okutobala

Ndawaimbira amalume. Ndimati ndingowafunsa za mwendo.

"Ee, a Pulofesa a ku Galway," anatero. Amanditchula choncho kuyambira pamene ndinapita ku yunivesite, koma lero munalibe nthabwala m'mawu mwawo. "Ndamva kuti malo mulibe."

Ndinati, "Amalume, nkhani yake ndi yakuti..."

"Usadzivute, mphwanga. Ndinamutuma Marijke akufunse, wayankha, yatha. Ndi nthano za nkhalamba basi. Unanena wekha kalekale."

Ndiye kuti anatuma ndi iwo. Ndipo akuganiza kuti mtumiki wawoyo anafunsa monga amafunsira anthu, ine nkukana mpaka kumapeto.

Ndipo bwanji asakhulupirire? Chaka chimene ndinabwera ndi digiri yachiwiri, patebulo la Khirisimasi, ndinawauza kuti mabuku awo onse amaimba nyimbo imodzi: tinazunzidwa, tinalira, tinadzuka. Ndinati nanga anthu athu amene anavala yunifolomu ya mfumu ya Angelezi nkupita ku India ndi ku Africa? Asilikali, apolisi, abwanankubwa, okhometsa msonkho? Ndinati sitinali bulu wokwapulidwa yekha, kwina chikwapu chinali m'manja mwathu. Amalume anaika foloko pansi nkupita kukaona ng'ombe. Analibe ng'ombe. Kuyambira tsiku limenelo takhala tikukangana, Lamlungu ndi Lamlungu, ndipo ine ndinkati ndiko kucheza kwathu. Sindinaganizepo kuti iwo ankamva kuti ndimawanyoza.

Anandiuzanso kuti Marijke (ndizingolemba M.) wapeza kale munthu wodzawatenga, a Prunty ena a ku Longford.

Panali pamenepo poti ndinene. Mawu atatu okha: amalume, ndikuwafuna ine. Koma iwo sanandipatse, ndipo kupempha chimene wakana kale ndi kupemphetsa. Mudziwa chimene ndinanena? "Mukudya bwino koma?"

Manyazi anapha Lambe. Lambeyo ayenera kuti anali wa kwathu kuno ku Leitrim.

Lachinayi, 5 Okutobala

Ndikuweruka ndinathamangira ku Drumshanbo ndi keke ya maapulo. Cholinga: kuponya mawu m'mbali mpaka M. azindikire.

Ndinapeza a Prunty ali pabalaza ndi tepi yoyezera. Bambo wonenepa, wansangala, wosalakwa chilichonse, ndipo ndi chimene chikundipweteka. Ntchito yawo ndi kukongoletsa mabala omwera mowa a mayiko akunja kuti azioneka ngati a kwathu kuno. Amagula njinga zakale, zikwangwani, mbiya za mkaka, ndi mabuku. Mabukuwo sawerenga mayina, amayeza utali wa shelefu.

"Obiriwirawa ndiye abwino kwabasi, mayi," anatero akusisita msana wa buku lina. "Akupita ku bala ya pabwalo la ndege, kuchipululu uko. Timakhomera kachitsulo kutsogolo kuti oledzera asasolole."

Ndinati, "Ndiye palibe adzawatsegule?"

"Atsegulirenji? Munthu akudikira ndege, akufuna mowa ndi kukumbuka kwawo."

Ndinafunsa ngati adzalekanitse a kumanja ndi a kumanzere. Anandiyang'ana ngati ndalankhula Chilatini.

Tangoganizani. Anthu anafera m'ndende, ena anawomberana pachibale, ena anakalamba akulemba kuti afotokoze chifukwa chake, ndipo onse akukathera pakhoma limodzi, kumbuyo kwa kachitsulo, kuyang'ana anthu akudya tchipisi. Mgwirizano umene andale analephera, a Prunty aukwanitsa ndi tepi.

Kukhitchini ndinayesa. Ndinati, "Mlamu, nzachisoni ndithu kuti mabuku otere achoke m'banja."

M: "Inde, nzachisoni."

Ndinati, "Munthu akanakhala ndi kachipinda ka alendo kosagwira ntchito..."

M: "Ee, akanakhala nako." Nkundipatsa nyuzi kuti ndikulungire mbale.

Mkazi ameneyu ungamuponyere mwala m'mbali, iye nkukuthokoza kuti wamuphonya.

Amalume anakhala pampando wawo nthawi yonseyi, atafunda bulangete m'miyendo, akuyang'ana moto. Sanatembenukire ku mashelefu ngakhale kamodzi. Keke anakana. Ndinawakakamiza kawiri, anakanabe, ndipo kukana kwake kunali kwenikweni.

Pobwerera m'galimoto ndaganiza: a Prunty akubwera kudzawanyamula mawa madzulo. Ndipempha mnzanga anditengere makalasi a masana, ndikafike iwo asanafike, ndikanene poyera ngati Mdatchi. Ndayeserera mokweza kuyambira ku Ballyfarnon mpaka kuno. Mawu ake ndi osavuta ukakhala wekha.

Lachisanu, 6 Okutobala

A Prunty anabwera m'mawa. Anapeza malo pasitima ya pamadzi ya lero, ndiye anafulumira.

Ndinalowa pabalaza nkupeza makoma ali mbee. Pepala la pakhoma kuseri kwa mashelefu likadali ndi maluwa ake owala, amene sindinawaonepo chibadwire. Mawu akumveka ngati m'tchalitchi. Fintan anali atangofika, chikwama chili paphewa. M. akusesa.

Ndinanenabe, ngakhale kunali kutseka khola mbuzi zitatuluka. "Ndinkawafuna. Ndinkawafuna onse."

M. anaimika tsache. "Koma unakana."

"Unandifunsa kamodzi kokha!"

"Ndiye ndikanafunsa kangati?"

Fintan anagwira mutu. "Mayo ine. Marijke, unamufunsa kamodzi? Ameneyu? Ameneyu ngakhale akumira m'nyanja, ukamuponyera chingwe anena kuti usavutike."

Ndinkayembekeza kuti M. akwiya. Koma nkhope yake inafiira, maso nkudzaza misozi. Anati iye anadabwa nako kukana kwangako, koma kwawo munthu wamkulu akati ayi umamulemekeza, sumuumiriza ngati mwana. Anati ankaganiza kuti akundichitira ulemu. Sabata yonse ndamunyoza m'buku muno, pamene iye amangondikhulupirira. Anaimbira a Prunty pomwepo. Katundu anali atalowa kale padoko ku Dublin, atamatidwa. Anapepesa kwambiri, akuti.

Tonse tinaiwala kuti amalume ali pampando pawo.

"Kamodzi," anatero, osatembenuka. Kenaka: "Ndipo iwe, ndi masukulu ako onsewo, pakamwa panakanika kutseguka?"

Ndinati, "Nanga inu? Ndimabwera kuno Lamlungu lililonse. Munalephera kundifunsa nokha, mpaka kutuma munthu wa ku Rotterdam?"

"Ukanakana pamaso panga ndikanatani?"

Sindinawamvepo akulankhula motero. Fintan anapeza chochita panja msangamsanga.

Ndinakhala pa katoni pafupi nawo. Ndinawauza kuti zonse zimene ndimadziwa zinayambira pakhoma lija, kuti ngakhale zowatsutsa nazo ndinaziphunzira kwa iwo, poti ndi iwo anandionetsa kuti mabuku awiri akhoza kunena zosiyana za tsiku limodzi. Anangoti, "Hm." Koma dzanja lawo linali paphewa panga, lopepuka ngati mbalame.

Kenaka M. anafunsa, akupukuta mphuno. "Nanga a m'mwamba aja? A Prunty anawakana, akuti zikuto zake nzonyansa."

A m'mwamba ati?

M'kachipinda kakumbuyo ka m'mwamba, m'mene ndinkaganiza kuti muli masutikesi a malemu azakhali. Mashelefu atatu. Mabuku atsopano, a zikuto zotuwa za ku mayunivesite. Anthu a ku Ireland m'gulu lankhondo la ku India. Ansembe athu ndi sukulu za atsamunda ku Africa. Apolisi a kuno amene anakaphunzitsa apolisi a m'maiko olandidwa. Mabuku a mbali yanga, onse, ena amene ine ndemwe sindinawawerenge. Misana yake yothyoka ndi kuwerengedwa.

Ndinatsika nalo limodzi m'manja. Amalume anakweza mapewa.

"Ndinkafuna kudziwa pokumenyera," anatero. "Munthu sulimbana ndi mdani osadziwa zida zake. Ena mwa iwo akunena zoona, mwatsoka. Usamuuze munthu." Kenaka anakonza kukhosi. "Uwatenga?"

"Inde."

"Iii! Msangamsanga choncho? Ulemu unapita kuti? Mlongo wanga analera chilombo."

M. anaseka mpaka kutsamira khoma.

Komabe aja apita. Ndisadzinamize. Buku lofiira lija la zithunzi za njala yaikulu, limene ndinkaliopa ndili mwana koma osalisiya, pano lili panyanja. Palibe nthabwala imene ingalibweze.

Loweruka, 7 Okutobala

Tawaperekeza amalume. Fintan ndi M. patsogolo ndi masutikesi, ine ndi amalume m'galimoto yanga, makatoni a m'mwamba aja atadzaza kumbuyo mpaka sindimaona pagalasi. Potuluka sanacheuke kuyang'ana nyumba. Anangofunsa ngati Fintan watseka madzi.

Chipinda chawo nchaching'ono, chaukhondo, zenera likuyang'ana poimika magalimoto. Namwino wake ndi mtsikana wa ku Kerala, ku India, dzina lake Jincy. Amalume atamva kumene amachokera anamufunsa ngati kusukulu kwawo anaphunzira za Angelezi. Iye anati, "Agogo, tinaphunzira mpaka kutopa nawo." Amalume anandiyang'ana ngati apeza mgodi.

Pamwamba pa bedi pali kashelefu kamodzi, kotalika ngati mkono. M. anafuna kuikapo chithunzi cha azakhali ndi wotchi. Amalume anati chithunzi chikhale pazenera, wotchi apite nayo, kuno nthawi alibe nayo ntchito. Anandituma kugalimoto. Ndinatsegula katoni yapamwamba pamvula, ndinatenga amene anakwana m'manja.

Anawasanja okha, pang'onopang'ono. Limodzi, lonenepa, la apolisi aja, anandibwezera.

Titatsanzika, ndili kale pakhomo, anandiitana.

"A Pulofesa! Mawa ubwere utawerenga mutu wachitatu. Wolemba ameneyo akunama, ndipo ndikusonyeza pamene akunamapo."

Makatoni ali mukhonde, sindinawamasule. Bedi la alendo likadali pomwepo. Ndili pa tsamba lachisanu la mutu wachitatu, ndipo mpaka pano munthuyu sananame.