Belu Silinalire pa Lachisanu Loyera

14 Epulo 1935, Lamulungu la Kanjedza. Wendelsfeld, Kansas.

M'nyumba muno tilimo ine Ambros Windholz, woliza belu pa tchalitchi cha mudzi uno. Mwana wanga Fidelis. Mkazi wake Ottilia. Ndi khanda lawo Regina. Mayi wa nyumba ino anatsogola kale.

Kunacha bwino lero, kumwamba kuli mbee. Akazi anayanika zovala panja. Ottilia anachotsa nsalu zonyowa m'mazenera, nati nyumba ipumeko. Masana, khoma lakuda la fumbi kuchokera kumpoto. Mbalame patsogolo pake, kuthawa. Nkhuku zinakalowa zokha m'khola.

Ndinapita ku belu. Mwambo wathu ndi umenewo kuchokera kwathu ku Volga, kutsidya kwa nyanja: mphepo ikatseka anthu m'maso, kaya ndi ya chipale chofewa kaya ndi ya fumbi, belu lisaleke kulira kufikira womaliza atalowa pakhomo. Bambo anga ankatero. Chingwe chimenechi ndicho cholowa chokha anandisiyira.

Womaliza lero anali Kaspar Befort, mnzanga wa paubwana. Anafika chokwawa, chipewa chitapita, dothi m'kamwa. Atalavula anati: "Nkhalamba iwe, munda wako ndakumana nawo panjira ukupita ku Oklahoma. Ndaupatsa moni, osayankha. Mwano ngati mwini wake."

Sindinaseke. Manja atupa.

16 Epulo, Lachiwiri.

Fumbi la m'khitchini tachotsa ndi fosholo. Tirigu watha yense. Mizu ili pamtunda, yoyera ngati imvi.

Ng'ombe yatsala imodzi, ya mkaka. Ikudya zitsamba zaminga zowazidwa mchere. Mkaka wake ndiwo ukusunga Regina, pakuti wa amake unauma.

Fumbi launjikana pa mpanda wa waya mpaka kuukwirira. Ndauza Fidelis kuti aufukule. Yankho lake: "Ndifukula lero, mawa mphepo ibwezeretsa. Bambo, kodi mphepoyi yandilemba ganyu?" Ana a masiku ano. Ine bambo anga sindinawayankhepo ndi funso.

Komabe wagwira ntchito tsiku lonse, kukonza denga la khola. Si waulesi. Pakamwa pokha.

18 Epulo, Lachinayi Loyera.

Misa m'mawa. Pa nyimbo ya Ulemu ndinaliza belu komaliza. Kenako ndinakwera makwerero, ndinakulunga chingwe, ndi kuchimanga pamwamba pomwe dzanja la munthu silifika. Nsanja ya belu ndatseka. Kiyi ali m'thumba mwanga. Kuyambira lero mpaka pa Ulemu wa Loweruka belu likhala chete, pakuti Ambuye ali m'manja mwa adani, kenako m'manda. Anthu tiziwaitana ndi thabwa ndi kanyundo kake ka mtengo, monga mwa chaka chilichonse.

Ansembe apita ku mudzi wa kutsidya kwa njanji. Mawa akakhala komweko, abwera Loweruka. Njira ya Mtanda tiyenda tokha, wotsogolera ine.

Kaspar pakhomo la tchalitchi: "Phokoso lako lija lapuma? Ndiye kuti makutu anga ayamba Pasaka msanga."

Pobwerera kunyumba Ottilia anafunsa: "Nanga fumbi likabwera, Bambo?" Ndinati Mulungu amawadziwa masiku ake.

19 Epulo, Lachisanu Loyera.

Ng'ombe inayenda pamwamba pa mpanda wokwiririka uja, yalowera chakumadzulo. Fidelis anaitsata masana, wapansi, chingwe paphewa, m'mimba mopanda kanthu chifukwa cha kusala. Anati abwera Njira ya Mtanda isanayambe. Sanabwere. Tinayamba popanda iye.

Tili pakati pa mapemphero, mazenera anada. Tinayatsa nyali. Wogwada pambali pako osamuona nkhope.

Ottilia anabwera kwa ine anthu onse akuona, mwana ali m'manja. "Bambo, Fidelis ali kunja. Kalizeni belu."

Ndinati lero ndi Lachisanu.

"Tsikulo ndikulidziwa. Ndipatseni kiyi ndikalize ndekha, tchimolo likhale langa."

Ndinati tchimo si buledi woti tinyemerane.

Kaspar naye: "Ambros, Ambuye agona mpaka Lamulungu, belu lako siliwadzutsa. Liza, mdala. Ndi mwana wako yemwe uja."

Akuluakulu ena anangowerama. Palibe anati liza, palibe anati usalize. Iwonso nkhani ija akuidziwa: ku Volga mudzi wina unaliza belu pa tsiku ngati lino, belu linang'aluka, ndipo chaka chisanathe njala inaudya mudziwo. Bambo anga ankasimba zimenezi atavula chipewa. Ife chilango tili nacho kale. Ndiwonjezerepo china pamutu pa mudzi wonse, ine, ndi dzanja langa? Ndiponso Fidelis ndinamuphunzitsa ndekha ali wamng'ono: ukasokera, peza waya, uutsate, ukafika pakhomo pa munthu.

Ndinatenga thabwa, ndinaima kunja kwa khomo, ndinagogoda. Mchenga kumaso ngati singano. Ndinagogoda mpaka kanyundo kanathyoka. Ine mwini, wogogodane, sindinkalimva.

Ottilia sanapemphenso. Wakhala pansi, watsamira chitseko cha nsanja. Regina wagona pamiyendo pake. Tonse tikhala muno, kunja sikukutulukika.

Waya ndi wokwiririka. Ndakumbukira tsopano, ndikulemba.

20 Epulo, Loweruka Loyera.

Mphepo inaleka m'mawa, koma fumbi lili lende ngati nkhungu yofiira. Amuna anamangana chingwe m'chiuno, anapita kukafuna. Anabwera chimanjamanja, mawu atasasa ndi kuitana.

Ansembe anafika pahatchi, atatsata njanji. Atamva nkhani sanatsike n'komwe.

"A Windholz, belu mwaliza?"

Ndinati Misa sinafike pa Ulemu.

Anandiyang'ana nthawi yaitali. Ndi mwana kwa ine, ndinamuona akuphunzira kuyenda m'mudzi wa kutsidyawo. Anati: "Kalizeni tsopano. Mukanaliza dzulo. Akanakudzudzulani ndani? Kukhala chete kwa belu n'kolira maliro a Ambuye, si kopangira maliro ena."

Ndinakwera. Mfundo inakana kumasuka, pakuti Lachinayi ndinaimanga bwino. Ndinachita kuimasula ndi mano. Ndinaliza.

Sipanapite nthawi. Fidelis anatulukira kuseri kwa manda, chokwawa. Manda athu omwewa. Anagona m'ngalande, jekete atafunda kumutu, pamalo pamene kunja kukayera munthu amauona mtanda wa pansanja. Maso atamatika ndi dothi. Anatsata mawu a belu ngati mwana wa ng'ombe.

Ng'ombe sanaipeze.

21 Epulo, Pasaka.

Aleluya ayimba ena.

Fidelis thupi moto. Akutsokomola matope. Dokotala wabwera kuchokera ku tauni, wati ndi chibayo cha fumbi, mbali zonse ziwiri. Wati odwala otere achuluka, malo kuchipatala kulibe, ndipo ulendo wake ungamumalize. Ottilia akumupaka pachifuwa mafuta a nkhumba osakaniza ndi palafini. Mkazi wa Kaspar wabweretsa mkaka wa mbuzi wa Regina. Buledi wa Pasaka ali patebulo, wosadula, fumbi layamba kale kumuphimba.

Masana ndinakhala pambali pa bedi. Anatsegula maso. Anati: "Ndinkatchera khutu, Bambo. Ndinkati ndingomva kamodzi kokha, ndidziwa kolowera. Kenako ndinakumbukira tsikulo. Ndinati aa, mdala uja saliza, olo atamugwira pakhosi. Ndiye ndinangogona."

Anaseka. Kusekako kunasanduka chifuwa.

Sanandidzudzule. Bola akanatero.

23 Epulo, Lachiwiri.

Ng'ombe yapezeka kumunda kwa Kaspar, miyendo m'mwamba. Kaspar waitumbula kuti aone ngati nyama ingadyeke. M'mimba monse dothi. Taikwirira.

Ottilia sakundilankhula. Mbale yanga amaika patebulo, amachoka. Zovala zanga wachapa, wasita, wapinda monga kale. Palibe chimene ndinganene kuti walakwitsa.

Belu la mapemphero ndikuliza m'mawa, masana ndi madzulo, pa nthawi yake. Mkazi wa Kaspar wandiuza kuti likalira, Fidelis amatembenuza mutu kulitsata, ngakhale ali m'tulo. Ottilia amatseka chitseko cha kuchipinda.

Ansembe atumiza mawu kuti ndikawaone, tikacheze. Sindinapite. Kucheza n'kwa anthu amene ali ndi zonena.

Kaspar wabwera madzulo, wakhala, wasuta kaliwo wake, wapita. Nthabwala panalibe.

25 Epulo, Lachinayi, tsiku la Marko Woyera.

Tayenda ndi mtanda kuzungulira minda, kupempha mvula, monga mwa mwambo. Minda yake iti. Mtanda ananyamula Kaspar. Ine pambuyo penipeni. Anthu sakundinena, koma akundipatsa njira yotakasuka kuposa kale.

Fidelis wapezako bwino lero. Wamwa msuzi wa nkhuku. Wapempha Regina, wamuika pachifuwa, wamuuza kuti: "Iwe mayi, ukadzakula usadzakwatiwe ndi munthu wothamangitsa ng'ombe." Ottilia waseka, ndamumva ndili kukhitchini.

Kwa ine anati: "Mpanda uja ndidzafukula, Bambo, musade nkhawa. Ndingodzuka kaye."

Ndinati mpanda ndafukula kale. Zoona. Ndakhala ndikuufukula kuyambira Lolemba, ndekha. Mphepo ikubwezeretsa.

Ndinafuna kumuuza china. Ndinamukonzera bulangete kumapazi.

Mvula sinabwere.

27 Epulo, Loweruka.

Kutentha kwabwerera. Milomo yada. Ansembe amudzoza mafuta.

29 Epulo, Lolemba.

Fidelis Windholz, mwana wanga mmodzi yekha, watisiya masana ano. Analipo: mkazi wake, mkazi wa Kaspar, ndi ine. Maso anamutseka ndi Ottilia.

Munthu akamwalira m'mudzi muno, woliza belu amaliza kuti onse adziwe ndi kumupempherera. Tsiku loika amalizanso, bokosi likamachoka panyumba mpaka litatsikira m'manda. Ndachitira zimenezi aliyense, wolungama ndi chidakwa chomwe. Ndinachitira amake.

Ndinatenga chipewa. Ottilia anaima pakhomo.

"Mukupita kuti, Bambo?"

Aka n'koyamba kunditchula chotero chichitikireni zija. Ndinati ku belu.

"Iyayi. Analifuna Lachisanu. Lero salifuna. Mawanso salifuna."

Ndinati munthu wobatizidwa saikidwa mwakachetechete ngati chiweto. Ndinati kuchokera ku Volga mpaka kuno, palibe wa mtundu wathu anatsikira m'manda popanda belu. Ndinati nanga anthu adziwa bwanji.

"Ndiwauza ndekha. Miyendo ndili nayo."

Sanakweze mawu. Anamanga mpango kukamwa, anandipatsa Regina m'manja, anatuluka. Ndinamuona pazenera akuyenda khomo ndi khomo, mphepo ikumukankha. Pakhomo lililonse mwamuna ankavula chipewa, kenako n'kuyang'ana ku nsanja.

Madzulo ansembe anabwera. Anati lamulo lokakamiza palibe, nkhaniyi ndi ya pabanja. Kaspar anandikokera kukhola. "Ambros, ngati dzanja lako ndilo vuto, ndikalize ine. Mwanayu ndinamugwira pa ubatizo. Asapite ngati mlendo."

 Mwana wanga kupita wopanda belu. Amake akandifunsa kumeneko ndidzati chiyani. Ndipo akuluakulu aja, amene anawerama Lachisanu, mawa adzadzutsa mitu, adzati Windholz wagonjera mpongozi, wataya mwambo wa makolo.

Anene. Mwambo ndinausunga kale, onse anaona.

Ndamuyankha Kaspar, ndipo ndikulemba pano kuti m'mawa mtima usanditembenuke. Bokosi linyamulidwe dzuwa likakwera, mphepo isanadzuke. Ottilia ayende patsogolo, ine pambuyo. Belu lisalire, kaya ndi dzanja langa kaya ndi la wina. Wofunsa chifukwa asavutitse mkazi wamasiyeyo. Mumutumize kwa ine.