Mfuti ya kudenga kwa a Abdula

6 Malichi 1995, Lolemba

Apolisi anayi kuno ku Ndirande, m'mamawa. Kunyumba ndi nyumba, akuti akufuna mfuti za a Payoniya. Kwathu aipeza, kudenga, m'thumba la feteleza. Malizani, mlongo wanga, amutenga ali ndi sopo kumaso. Ine pakamwa panga sipachedwa. Ndakuwa pakhomo anthu onse akumva: "Ndinakuuza ukataye ku Nasolo!" Wapolisi wamfupi watulutsa kabuku, walemba.

8 Malichi

Mfutiyo si yathu. Anaisiya amene ankachita lendi tisanalowe, wa Payoniya, anathawa nthawi ya Bwezani, asilikali akuwalanda zida. Malizani anaiona mu Novembala akumata denga. Kukapereka ku polisi, mantha, amati adzamufunsa ndi mbama. Kukataya, manthanso. Anangoibwezera pomwepo. Munthu wa zaka 27, kalipentala, nkhuku amaphetsa kwa aneba.

A Abdula, eni nyumba, akana kukachitira umboni. "Ine za kukhoti ayi, achemwali, BP."

16 Malichi, Lachinayi

Belo akana. Malizani ali ku ndende ya Chichiri. Titaweruka ku Mvano ndakaonana ndi a Rafaeli, mkulu wa mpingo, anagwirapo ukalaliki kukhoti. Afotokoza bwino. Boma liyenera kubweretsa mfutiyo, katswiri anene kuti ndi mfutidi, aonetsenso kuti Malizani alibe chiphaso. Zimenezo ali nazo. Koma nyumba ya lendi imadutsa anthu ambiri, ndiye afunikanso umboni woti ankadziwa kuti ilipo. Ku polisi iye sanavomere kanthu. "Akangokhala chete, mlandu ulibe miyendo," atero.

Ndawauza zimene ndinakuwa zija. Avula magalasi.

27 Malichi

Samani yafika. Regina Jailosi, mboni ya boma. Ya boma, ine! Ndinamulera ndekha amayi atamwalira ku Mulanje, ndinkamumenya akanama. Lero umboni wawo wonse ndi lilime langali. Ndikudana nalo.

30 Malichi

Ku Chichiri ndi mbatata zophika. Waonda, mphere m'manja. Ndafuna kumuuza za samani, akudziwa kale. Wangofunsa ngati ndinavindikira matabwa a eni ake, mvula ingawaononge. Potuluka anati, "Achemwali, musaganize kwambiri." Ndalira mu minibasi mpaka pa Ginnery Corner.

3 Epulo

Mawa kukhoti. Ndasita, ndapemphera, pemphero silikukwera. Ndasankha. Ndidzagwira Baibulo ndidzati wapolisi anamva molakwa, ndimanena za zinyalala. Zaka 19 mu Mvano. Mulungu adziwa yekha chochita nane.

4 Epulo, Lachiwiri

Mfuti ili patebulo ndi kapepala komangirira, dzimbiri lokhalokha. Katswiri wanena zake. Kenaka dzina langa. Kalaliki akundipatsa Baibulo, dzanja ndatambasula kale, Malizani waimirira m'bokosi.

"Bwana, asalumbire. Ndinkadziwa kuti ilipo. Ndikuvomera."

A majisitireti amufunsa kawiri ngati akumvetsa. Akumvetsa. Zaka zitatu.

Panja a Rafaeli akuti mwanayu wandilemekeza, amadziwa kuti mchemwali wake sanganame pamaso pa Mulungu, ndiye sanafune kuti ndimumangitse ndi pakamwa panga. Malizani nayenso pokwera galimoto ya kundende wanena zomwezo, akumwetulira.

Ndangogwedeza mutu. Loweruka ndikamuona. Sindikudziwa ngati ndidzamuuze kuti ndikananama.