Tsamba lodulidwa ndi inki yofiira

Amayi, kumeneko mukukhala bwanji?

Ife kuno ku Chibanja tilipo. Mlongo wanga Tiwonge wabereka mwana wamkazi, tamupatsa dzina lanu, ndipo amalira mokweza chomene. Chimanga cha ku Nkhorongo takolola chochepa chifukwa tinapalira mochedwa. Wolakwa ndine, ndinatanganidwa ndi sewero.

Ndi sewero lija ndinkakuuzani muli m'chipatala. Analemba ndi munthu wa ku Jeremani, ine ndinaliwerenga ku koleji n'kuliika m'Chichewa. Ndi nkhani ya mwamuna amene galimoto ya boma inadzamutenga pakhomo, anansi ake n'kupitiriza kumwa tiyi ngati palibe chachitika. Mayina ndasiya achijeremani omwewo, osewera akuvala majasi, kuti wofunsa tizimuuza kuti ndi zakutali.

Mukudziwa kuti sewero silionetsedwa lisanakadindidwe kwa akuluakulu. Lathu labwerako patatha miyezi itatu, masamba onse ali ndi chidindo kupatula limodzi, pamene mkazi amafunsa anansi kumene anapita naye mwamuna wake. Limenelo alidula ndi inki yofiira. Loweruka mu holo ya sukulu, kutsogolo kudzakhala bambo wina wotumidwa ndi akuluakuluwo, mapepala pamwendo, kutsatira mawu athu ndi chala.

Ahedi andiitana kawiri mu ofesi. Akuti uphunzitsi ndangouyamba kumene, ana ndiwaseweretse za ukhondo basi. Tiwonge akuti akandichotsa ntchito, kapena zikaposa apo, ndisayembekeze kuti adzandibweretsera chakudya. Inunso ndikukumvani, paja munkati ine ndimayankha funso lisanathe.

Mawu odulidwawo sitidzawanena. Lusungu, namwino amene akusewera mkaziyo, akadzafika pamenepo adzangoima n'kuyang'ana anthu, pakamwa potseka, mpaka pamene mawuwo akanathera. Tayeserera, ndi mphindi ziwiri zathunthu. Bambo wa mapepala uja adzalembe zimene akufuna. Mu holomo mudzakhala anthu ambiri amene funsolo amalidziwa pamtima.

Kuyambira tsiku lija galimoto inadzatenga Adada, inu simunafunsepo munthu ngakhale kamodzi, kuopa kuti angandichotse sukulu. Munakhala chete mpaka kulowa m'manda. Yewo, Amayi, ndikuthokoza. Koma sukuluyo ndamaliza.

Lamlungu ndidzabwera kudzalambula pamanda panu. Mukaona kuti sindinafike, musadandaule, mungodziwa kuti sewero linaonetsedwa.

Ndine mwana wanu wokukondani,
Wongani