Bokosi Lanu Lasanduka Ng'oma

Amayi, kumeneko zikuyenda bwanji? Ife kuno ku London tilipo, kungoti kuzizira sikutileka.

Mng'ono wanga Lonjezo wa ku Romford ali ndi mwana wamwamuna, mphuno ngati yanu. Ine nkhwani womwe ndinadzala m'zitini pakhonde wadyedwa ndi nkhono, ndakolola masamba ongokwanira mphika umodzi.

Koma nkhani yeniyeni ndi mdzukulu wanu Tadala. Ine ndinkati adzakhala dokotala, iye akuti adzakhala woimba ng'oma. Kusukulu kwawo ku Peckham kunabwera bambo wina wa ku Cuba kudzaphunzitsa rumba ya kwawo, ya ng'oma, timitengo ndi mabokosi. Chiyambire tsikulo, tebulo, chitseko ngakhale msana wa bambo ake, chilichonse akuchiimba.

Mukukumbukira bokosi lanu lamatabwa, lomwe anandipatsa pogawa katundu maliro anu atatha? Lija munkati, "Wokhalira bokosi langa akhalire ndi mutu wake womwe." Ndinavutika nalo pandege, ndipo m'nyumba muno palibe ankalikhudza. Tsiku lina ndikuchokera kuntchito ndinapeza zitenje zanu ndi bulauzi ya Mvano zili pabedi, zopindidwa bwino, Tadala atakhala pabokosipo akulimenya ngati lamulakwira. Ndinakalipa mpaka mzungu wa nyumba yapansi, yemwe amadandaula za ng'omazo, anabwera kudzadandaula za ine.

Ndinamuletsa rumba. Mwana anakhala chete sabata yathunthu, osagogoda ngakhale supuni. Amayi, bata limenelo linandiopsa kuposa phokoso. Mphunzitsi wake anabwera kudzapepesa, koma atagogoda bokosilo kamodzi anaiwala chomwe anadzera, n'kuyamba kufunsa ngati ndingamubwereke.

Ndinagonja. Loweruka tinalitenga kupita nalo kokonzekera chionetsero cha rumba cha kusukulu kwawo. Mukudziwa kuti Tadala amamva Chichewa koma amayankha m'Chingerezi, moti inu munapita musanachezepo naye bwinobwino. Pamasitepe a pasiteshoni ya sitima bokosi linamukanika, ndiye anatembenuka n'kunena m'Chichewa chake chopotoka, "Mami, tandithandizani, Agogo akulemera."

Ndinalira pomwepo, anthu akundilambalala. Zaudokotala tidzaziona, panopa ndamusiya aimbe. Mundikhululukire kuti akukukhalirani. Tsiku la chionetsero ndidzakunyamulani ndekha, ndipo ndikulonjeza kuti simudzagwa pamasitepe.

Ndimakukondani ndipo ndakusowani,
Mwana wanu,
Esinati